Kulemba Mwachidule pa Intaneti: Mfundo Yaikulu Ikhale Patsogolo

Moni kwa inu nonse amene mukutionera kuchokera kuno ku Mzuzu ndi madera ena. Lero tikambirana chifukwa chimene anthu amasiyira panjira uthenga wautali wa pa intaneti.

Munthu amene wagwira foni pa depoti, uku akudikira kuti minibasi ya ku Nkhata Bay idzaze, sawerenga mawu onse, amangomwaza maso kufunafuna chimene chikumukhudza. Mu 1997, katswiri wina dzina lake Jakob Nielsen anapeza kuti anthu 79 mwa anthu 100 alionse amene anawayesa ankangoyendetsa maso patsamba, ndipo 16 okha ndiwo ankawerenga liwu ndi liwu. Kafukufuku wake wa mu 2006 anasonyezanso kuti maso amayenda ngati chilembo cha F: amawerenga bwino mizere yoyamba, kenako n'kutsetserekera m'munsi chakumanzere. Choncho zimene mwaika kumapeto ambiri sazifika.

Nazonso Facebook ndi WhatsApp zimadula uthenga ukatalika, moti wowerenga amayenera kudina kuti aone zotsalazo, ndipo munthu amene bandulo yake ya Airtel kapena TNM yatsala pang'ono kutha sachedwa kupita pa zina.

Pamene ambirife timavutika ndi pa nkhani ya ulemu. Tinaleredwa kuti nkhani siyambidwa usanapereke moni ndi kufunsa za kunyumba, ndipo mwambo umenewu ndi wabwino pamaso m'pamaso. Koma taganizirani mayi wa ku Chibavi amene akugulitsa mpunga wa kilombero wochokera ku Karonga. Akayamba ndi mizere isanu ya malonje, yothokoza makasitomala ndi kufotokoza mmene ulendo unavutira, mtengo umakabisala pansi pomwe palibe amene afikepo. Mzere woyamba unene kuti mpunga wafika, kilogalamu ndi ndalama zingati, ndiponso ukupezeka pati. Mawu akuti "Moni nonse" ndi okwanira kusunga ulemu, ndipo sindikuona kuti pali kasitomala amene angakhumudwe nawo.

Kufupikitsa sikutanthauza kudula zilembo m'mawu, monga tinkachitira pofuna kukwanitsa zilembo 160 za SMS, chifukwa zoterozo zimangotopetsa wowerenga. Chotsani mawu obwerezabwereza, ndime iliyonse inyamule mfundo imodzi, koma tsiku, malo ndi nthawi zisachoke. Musanatumize, werengani mizere iwiri yoyamba yokha, muone ngati munthu wa ku Katoto angadziwe kumene apite ndi ndalama zimene atenge.