Boti la matanga la faiba: kajambulidwe ndi kamangidwe kake

Zikomo agulupu, mafumu athu, amayi ndi abambo, ndi inu amisiri amene mumakhoma maboti a matabwa pagombe lino la Senga Bay. Ndapemphedwa kuti ndifotokoze za maboti a matanga opangidwa ndi faiba, kutanthauza nsalu ya ulusi wagalasi youmitsidwa ndi utomoni, ndipo ndikamba za mtundu umodzi wokha, womwe umamangidwa kuti uzichita mpikisano komanso kuti banja lizitha kuyendamo masiku angapo, kugona ndi kuphika momwemo.

Zofuna ziwirizi sizigwirizana. Wampikisano amafuna boti lopepuka, lamlongoti wautali ndi thanga lalikulu, pomwe wapaulendo amafuna mabedi, mbaula, thanki ya madzi ndi denga loti munthu aziimirira osawerama, ndipo chilichonse mwa zimenezi chimalemetsa boti. Wojambula pulani ndiye amaweruza mlanduwu papepala ndalama zisanawonongeke. Mu 1963 ku California kunatuluka boti lotchedwa Cal 40, lotalika pafupifupi mafiti 40, lomwe anajambula ndi Bill Lapworth. Mmalo mwa msana wautali woyambira kutsogolo mpaka kumbuyo, iye anaika chipsepse chachifupi kunsi kwa boti, ndi chiwongolero choima pachokha kumbuyo. Ambiri ankakayika ngati lingapirire mafunde, koma maboti a mtunduwu anapambana mpikisano wa Transpac, wochokera ku Los Angeles kukafika ku Honolulu, mu 1965, 1967 ndi 1969.

Chipsepse chimenechi muchimvetse bwino. Chimakhala cha mtovu kapena chitsulo, ndipo nthawi zambiri chimatenga pafupifupi magawo 40 pa 100 a kulemera kwa boti lonse. Chimaletsa boti kutsetserekera chammbali, motero limatha kuyenda mopingasa molunjika kumene kukuchokera mphepo, ndipo mwera ukalipendeketsa, kulemera kwa pansiko kumalidzutsanso. Vuto lake kwa ife ndi lakuti boti lotere simungalikokere pamchenga, limafuna kuponyeredwa nangula pakuya. Nchifukwa chake ine ndimati wojambulira nyanja ino aganizire za chipsepse chotheka kukwezedwa, ngakhale liwiro lichepeko.

Pulani ikatha, amisiri sayamba ndi boti lenileni ayi. Amayamba apanga chifanizo chake cha matabwa, nkuchipala mpaka chisalale kotheratu, ndipo pamwamba pake amaumbapo chikombole. Inu oumba njerwa mukudziwa kuti chikombole chikapindika, njerwa zonse zimatuluka zopindika, ndipo kunonso ndi chimodzimodzi, chifukwa chikombole chimodzi chimatulutsa maboti ambirimbiri. Mkati mwake amapakamo phula kuti boti lisamatirire, kenako utoto wapadera wochindikala pafupifupi theka la milimita, womwe udzakhale khungu lakunja. Choncho boti la faiba limamangidwa kuyambira kunja kulowera mkati.

Tsopano pakubwera ntchito imene ndimailemekeza kwambiri. Mmisiri amayala nsalu ya ulusi wagalasi, nkuinyowetsa ndi utomoni wa poliyesita wosakaniza ndi mankhwala oumitsira, gawo limodzi kapena awiri pa magawo 100, kenako amapsinja ndi kachitsulo kogudubuza mpaka mpweya wonse utuluke, asanayale nsalu ina pamwamba. Mphamvu ili mu ulusiwo, utomoni umangougwirizitsa. Akachulutsa utomoni, boti limalemera ndipo silichedwa kung'aluka. Akauchepetsa, mumatsala malo ouma oyererako, amene amadzagonja mafunde akakula. Kutentha kwa kuno ku Salima mu Okutobala kumaumitsa utomoni msanga, ndiye muzisakaniza pang'onopang'ono ndi kugwira ntchitoyi mmamawa, pamthunzi. Kunsi ndi pomangirira chipsepse amaikapo nsalu zambiri kuposa m'mbali.

Denga limaumbidwa m'chikombole chakechake, ndipo pakati pa nsalu amaikapo thabwa lopepuka la balsa kuti lilimbe popanda kulemera. Zipupa za mkati zikamatidwa, denga ndi thupi zimalumikizidwa, chipsepse nkumangidwa ndi mabawuti osachita dzimbiri.

Musanamizidwe kuti faiba sawonongeka. Saola ngati thabwa, ndipo amatithandiza kusunga mbawa ndi mlombwa zimene zikutha m'nkhalango zathu, koma madzi amalowa pang'onopang'ono pakhungu lija nkutulutsa matuza, makamaka madzi ofunda opanda mchere ngati a nyanja yathuyi. Matuzawo amafuna kupalidwa, kuumitsidwa bwino ndi kumatidwanso. Ndikupemphani kwambiri, anyamata inu, kuti muzivala magolovesi, magalasi ndi chotchinga kukamwa ndi mphuno, chifukwa fungo la utomoni limavulaza chifuwa, ndipo dontho limodzi la mankhwala oumitsira lingathe kupha diso. Zotsalira zake musazitenthe pafupi ndi nyumba kapena pamathandala a usipa, chifukwa utsi wake ndi wapoizoni.