Denga la ku Sandton, kandulo ya ku Alex

Moni nonse amene mwatchera khutu, kaya muli kumudzi, kaya muli kuno ku Joni, kaya munatchona kwina komwe sitikudziwa. Lero ndikujambula ndili m'kachipinda kanga ku Alexandra, ndiye mukamva agalu kapena hutala ya taxi mundikhululukire, khoma lake ndi la malata.

Mchemwali wina ananditumizira uthenga wamawu sabata yatha. Akuti, "Achimwene, inu mumati dziko muliko ndi lolemera, lili m'gulu la BRICS limodzi ndi China ndi India. Nanga bwanji gawo lililonse mumangodandaula?" Ndinaseka, koma funso lake linandikhala pamtima. Achemwali, ndikuyankhani ndi zimene ndimaona ndikakwera padenga, poti ntchito yanga ndi yoika ma solar. Ndinayamba mu 2022 ngati wonyamula chabe, lero ndimalumikiza mawaya ndekha.

M'mawa uliwonse ndimawoloka mlatho wa oyenda pansi umene umadutsa pamwamba pa msewu wa M1. Nthawi imeneyo kumakhala kusanache bwino. Kutsogolo kwanga kumakhala amayi ogwira ntchito m'nyumba za anthu, yunifomu ili m'jumbo, ndipo timaphonyana ndi alonda amene akuweruka, maso ali gwa ndi tulo. Kumbuyo ndasiya Alex, kumene mabanja angapo amagawana mpopi umodzi ndi chimbudzi chimodzi. Kutsogolo kuli Sandton, kumene kuli msika wa masheya wa JSE, nyumba ya Leonardo yansanjika zoposa 50, ndi sitima ya Gautrain imene inayamba kuyenda mu 2010 ndipo imakafika ku bwalo la ndege la OR Tambo m'mphindi pafupifupi 15. Zonsezi mumaziona pa ulendo umodzi wapansi. A Banki Yaikulu Padziko Lonse akamanena kuti South Africa ili patsogolo pa mayiko onse pa kusiyana kwa olemera ndi osauka, ine sindifunikira lipoti lawo, ndimakuwoloka kusiyanako ndi mapazi.

Koma ndisanayambe kudandaula monga mukunenera, ndinene chilungamo. Dziko lino linayesetsa. Pamene Mandela ankalowa m'boma mu 1994, nyumba zokhala ndi magetsi zinali pafupifupi imodzi mwa zitatu zilizonse. Lero zaposa 8 mwa 10. Nyumba za RDP, zija boma limamangira osauka, zinamangidwa mamiliyoni, agogo amalandira ndalama ya ukalamba mwezi ndi mwezi, ana nawonso ali ndi yawo. Chimenecho ndi chitukuko chenicheni, chogwirika.

Vuto ndi lakuti walira mvula walira matope. Analumikiza anthu ambiri ku magetsi, mafakitale akukula, koma malo opangira magetsiwo sanawonjezedwe pa nthawi yake. Chikalata cha boma lomwelo cha mu 1998 chinachenjeza kuti pofika cha m'ma 2007 magetsi adzaperewera. Zinachitikadi, mpaka Thabo Mbeki anapepesa pagulu kuti boma linalakwitsa kusamvera akatswiri a Eskom, kampani ya boma ya magetsi. Atadzidzimuka anayamba kumanga Medupi ndi Kusile, malo awiri akuluakulu oyendera malasha, koma ntchito inachedwa zaka ndi zaka, ndalama zikungomira. Kenaka kunabwera nthawi ya Jacob Zuma ndi banja la a Gupta, zimene kuno amati state capture, kutanthauza kuti anthu ochepa anagwira boma pakhosi n'kumasankha okha nduna ndi mabwana a makampani a boma. Zuma anatula pansi udindo mu February 2018, komiti ya Jaji Zondo inamva maumboni kwa zaka, koma makina otha sakonzedwa ndi umboni. Chaka cha 2023 magetsi ankathima pafupifupi tsiku lililonse, kuthimako kukafika pa mlingo umene amati stage 6 munkakhala mumdima maola 8 kapena kuposa.

Tsono apa ndi pamene pali manyazi anga. Chaka chimenecho ndi chimene ine ndinadya bwino kuposa zaka zonse. Mafoni a bwana wanga sankapuma. Tinkagwira Lolemba mpaka Loweruka, nthawi zina madenga awiri pa tsiku.

Nyumba ina sindidzaiiwala. Tinaika mapanelo 16 ndi mabatire awiri m'galaja. Ndili padengapo ndinayang'ana pansi: kuseri kuli mjigo wawo wamagetsi ndi thanki yaikulu yobiriwira, pampanda pali waya wamagetsi, pachipata pali chikwangwani cha kampani ya alonda a mfuti, ana akutsika m'galimoto atavala yunifomu ya sukulu yolipira. Titayatsa, mayi wa nyumbayo anaomba m'manja n'kunena kuti, "Basi, tsopano boma ndilibe nalo ntchito." Sananene mwamwano ayi, anali mayi waulemu, anatipatsanso madzi ozizira. Koma taganizani. Madzi ake, magetsi ake, polisi yake, sukulu yake, chipatala chake. Ndisananyamuke ndinapempha kutchaja foni m'galaja momwemo, chifukwa ndinkadziwa zimene ndikazipeze. Ndinafika ku Alex kuli bii, ndinasamba ndi kuwala kwa kandulo, manja akununkhabe mawaya a batire la eni ake.

Usiku umenewo ndinagona mochedwa. Amene ali ndi mawu omveka, amene nduna ingawayankhe foni, akatuluka m'mavuto a onse mmodzimmodzi, ndani atsala kuti akalipire boma? Timatsala ife, ndi matayala otentha pamsewu.

Mu August chaka chomwecho, kuyambira pa 22 mpaka 24, atsogoleri a BRICS anakumana ku Sandton komweko. Lula wa ku Brazil anabwera, Modi anabwera, Xi Jinping anabwera, Putin analankhula pa kanema chifukwa cha chikalata chomumangira cha khoti la ICC. Misewu inatsekedwa, apolisi paliponse, nkhani zake za kusintha kayendetsedwe ka chuma cha dziko lonse. Patangotha sabata imodzi, pa 31 August, nyumba ya Usindiso ku Marshalltown, pakati pa tauni, inapsa usiku. Anthu 76 anafa, ena mwa iwo anali a kwathu. Nyumbayo ndi ya khonsolo ya mzinda, koma inalandidwa ndi zigawenga zimene zinkatolera lendi kwa anthu ogona m'tizipinda ta matabwa ndi makatoni. Kale, nthawi ya tsankho, munali ofesi ya ziphaso zoletsa anthu akuda kuyenda momasuka. Sindiwonjezerapo kanthu pamenepo.

Chinthu china chimene ndinaphunzira pa ntchitoyi chili pa makatoni. Panelo iliyonse imene ndanyamula, pafupifupi batire lililonse, palembedwa kuti zapangidwa ku China. Pamene dziko lino lili ndi platinamu, manganizi ndi kromu wochuluka kuposa mayiko ambiri. Miyala imakwera sitima yapamadzi ili yosayenga, chifukwa ng'anjo zambiri zoyengera zinazima ndi kukwera mtengo kwa magetsi, ndiye imabwerako ili katundu wodula. A ku China anachotsa anthu pafupifupi 800 miliyoni mu umphawi wadzaoneni m'zaka 40, ndipo njira yaikulu inali fakitale: munthu wochoka kumudzi, sukulu yochepa, amapeza ntchito yosoka kapena yolumikiza zipangizo. Kuno chuma chinakulira kumabanki, kumigodi yamakina ndi kumashopu akuluakulu, malo amene salemba anthu ambiri osaphunzira kwambiri. N'chifukwa chake pa anthu 100 ofuna ntchito, oposa 30 alibe, ndipo kwa achinyamata ndiye zimanyanya.

Woyandikana naye chipinda ndi mnyamata wa konkuno, wobadwira mu Alex momwemuno. Anamaliza matric, kalasi yomaliza ya sekondale, ali ndi dipuloma, chaka chachinayi tsopano akungoyenda ndi envulopu ya mapepala. Amalandira R370 pamwezi, ndalama ya boma yothandizira osagwira ntchito ija inayamba ngati R350 nthawi ya Covid mu 2020. Timagwirizana, timaonera mpira limodzi. Koma tsiku lina atalawa pang'ono anandifunsa kuti, "Iwe unabwera dzana, ntchito uli nayo. Ine ndinabadwira pano. Zimatheka bwanji?" Ndinasowa chonena, chifukwa yankho ndimalidziwa ndipo silokoma. Mabwana ambiri amakonda ife alendo poti sitikangana. Lamulo linati kuyambira March 2024 malipiro otsikitsitsa chaka chimenecho anali R27.58 pa ola, koma munthu amene mapepala ake ali okayikitsa sangapite kukasuma. Amalandira zimene wapatsidwa n'kuthokoza. Ndiye mkwiyo wa mnyamatayo uli ndi pochokera, kungoti umagwera munthu wolakwika.

Ndipo andale amaudziwa mkwiyo umenewo, amaukolezera chisankho chikayandikira. Zipolowe za mu May 2008 zinayambira muno mu Alex, anthu 62 anaphedwa, ena mwa iwo nzika za dziko lino zimene anaziganizira kuti ndi makwerekwere. Masiku ano kuli Operation Dudula, gulu lothamangitsa alendo limene linayambira ku Soweto. Akuluakulu anati mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Ine chikwama changa chaching'ono chimakhala chopakira kale pansi pa bedi, muli pasipoti ndi malaya awiri. Agogo anga anabwera kuno pa Wenela kudzakumba golide, iwonso ankagona ndi maso amodzi, kungoti mantha awo anali ena.

Anthu a kuno nawo anatopa, ndipo anaonetsa pa voti. Mu May 2024 chipani cha ANC chinapeza mavoti 40 pa 100 aliwonse, koyamba kulephera kupitirira theka chiyambire 1994, mpaka chinakakamizika kupanga boma limodzi ndi DA ndi zipani zina. Chimene ndimasilira n'chakuti anavomereza zotsatira popanda kutulutsa asilikali. Manyuzipepala amalemba za katangale mosaopa, makhoti amagamula motsutsa boma. Zimenezo si zazing'ono, amene anakhalako kumayiko ena akudziwa.

Nanga magetsi? Kuyambira kumapeto kwa March 2024 anakhala miyezi yambiri osathimathima. Alex yense anasangalala, inenso ndinasangalala, ndinagula kafiriji kakang'ono kogwiritsidwa kale ntchito. Patapita miyezi iwiri bwana anatiitana n'kunena kuti maoda atsika, tizibwera masiku atatu pa sabata. Ndinabwerera pa mlatho uja masana dzuwa likuswa mtengo, osadziwa kuti ndiseke kapena ndilire. Mnyamata woyandikana naye uja atandiona ndafika msanga anangosuntha pabenchi kuti ndikhale.

Mawa ndili ndi ganyu yotsuka mapanelo ku nyumba ya mayi uja, akuti fumbi lachepetsa mphamvu. Achemwali amene munafunsa, ngati sindinakuyankheni bwino tumizaninso uthenga. Gawo likubwerali tikambirana za kutumiza ndalama kumudzi ndi mmene otumizitsa amatidulira. Tsalani bwino, batire la foni lafika pofiira.