"Anavomera yekha": bodza la ma lecturer lomwe likuyenera kutha

Monire mose, muli bwanji anthu anga apa Mzuzu, kaya mukuonera ku Luwinga kaya ku Chibavi kaya muli mu hostel mwadzikuta bulangete ndi kuziziraku, takulandirani. Lero tikukamba zomwe lecturer amaloledwa ndi zomwe saloledwa kuchita. Musachoke msanga, nambala 3 ndi imene imandiwawa.

Yoyamba, mwachangu. Malikisi ndi a zomwe mwalemba basi, osati poti ndinu akwawo kapena mumapemphera limodzi.

Yachiwiri, kukakamiza ophunzira kugula ma handout ake kuti akhoze, kapena kutenga research ya wophunzira nkuitulutsa ndi dzina lake lokha, kumeneko ndi kuba. Ndalama ikalowa pa malikisi ndiye ndi ziphuphu, ya ACB imeneyo, ofesi yawo ilipo konkuno ku Mzuzu.

Tsopano yachitatu, lecturer kufunsira chibwenzi wophunzira wake, ndipo musanaiwale dinani subscribe ndi kabelu kaja. Anthu amati "aaa koma onse ndi akuluakulu, mtsikanayo anavomera yekha". Abale anga, ayi! Taganizani bwino, amene akukufunsirayo ndi yemweyo agwire cholembera chofiira pa pepala lako, ndi yemweyo asaine project yako, ukamukana ukudziwa kuti kutsogoloku kuli supplementary mwinanso kubwereza chaka, pomwe fees anaipeza mayi ako atagulitsa chimanga ndipo loan nayonso ikukudikira. Ndiye "eya" wakeyo ndi wochokera mumtima? Munthu womugwira pakhosi savomera, amangofuna apume.

Mnzanga wina, sinditchula sukulu, chapter 3 yake inakhala pa tebulo la supervisor miyezi iwiri osaitsegula. Akafunsa, yankho linali lakuti ubwere ku ofesi 6 koloko madzulo anthu ataweruka. Usiku mauthenga pa WhatsApp, "uli kuti, wavala chani". Mtsikana amene ankakhala kutsogolo m'kalasi anayamba kukhala kumbuyo kwenikweni, kenako kujomba. Anzake nkumati wayamba ulesi.

Ndipo si maganizo anga okha, lamulo lilipo. Gender Equality Act ya 2013 imaletsa nkhanza zotere, wopezeka wolakwa chilango chake ndi K1,000,000 komanso zaka 5 kundende. Lamuloli silisankha, anyamata nanunso limakutetezani.

Wina alemba mu ma comment kuti nanga akakondanadi zenizeni? Chabwino, zimachitika. Koma lecturer-yo akuyenera kukauza akuluakulu a department nkusiya kuchonga mapepala a munthuyo, asakhalenso supervisor wake. Akabisa, ngakhale mtsikanayo akhoze ndi mutu wake palibe adzakhulupirire, kalasi yonse izingonong'ona. Mwaona kuti wovulala ndi yemweyo?

Yachinayi, zikakuchitikirani musafufute kalikonse. Jambulani ma screenshot, lembani tsiku ndi nthawi, tumizani kwa munthu amene mumamukhulupirira kuti foni ikatayika umboni ukhalepo. Ku ofesi kuja musapite nokha. Kanenani kwa Dean of Students, akakuzengerezani pitani ku Malawi Human Rights Commission kapena kupolisi ku Victim Support Unit.

Tumizani vidiyoyi mu group ya kalasi yanu, makamaka kwa a first year. Sabata yamawa tikamba momwe mungapemphere kuti pepala lanu alichongenso.