Kodi munthu wanzeru ndi wodzikonda? Bodza lomwe anamunamizira Adam Smith

Moni abale anga a ku Mbare, Highfield, Mufakose, Epworth ndi kwina konse kumene mukuonera. Tiyambe ndi masewera. Wina wakupatsani madola 10 kuti mugawane ndi munthu amene simukumudziwa. Wogawa ndinu. Mnzanuyo akavomera, aliyense atenga gawo lake. Akakana, nonse mubwerera chimanjamanja. Mumupatsa zingati? Lembani nambala yanu m'makomenti pompano, tibwereranso.

Choyamba, mwachangu. Akatswiri a zachuma akamati munthu wachita mwanzeru satanthauza kuti ndi wabwino kapena woipa. Amangonena kuti zosankha zake sizikutsutsana, ndipo njira imene watenga ikumufikitsa komwe akufuna. Basi.

Chachiwiri, kufuna phindu lako. Apa funso ndi lina: kodi chimene ukufunacho n'chiyani? Mayi wa ku Glen View amene amatumiza ndalama kwa makolo ake ku Dedza amayerekeza kaye njira yotsika mtengo yotumizira. Wachita mwanzeru, komatu wopindula si iye. Nzeru ndi njira, cholinga ndi komwe ukupita. Zigwireni zimenezo.

Chachitatu, ndipo apa pokha ndikhalitsa chifukwa bodza ili limandiwawa. Mumamva anthu akuti: "Adam Smith, tate wa maphunziro a zachuma, anati dyera ndi labwino." Ayi, abale anga. Sananene zimenezo.

Smith anali mphunzitsi wa za makhalidwe pa yunivesite ya Glasgow ku Scotland. Buku lake loyamba, The Theory of Moral Sentiments, linatuluka mu 1759, ndipo chiganizo chake choyamba chimanena kuti ngakhale munthu timuyese wodzikonda chotani, m'chibadwa chake muli kanthu komuchititsa kusamala za mnzake. Buku lotchuka lija, The Wealth of Nations, linabwera mu 1776, patatha zaka 17. Ena amati pofika pamenepo anali atasintha maganizo. Nanga bwanji anapitiriza kukonza buku loyamba lija mpaka 1790, chaka chimene anamwalira?

Ndime yomwe anthu amathamangira mu The Wealth of Nations ndi ya wogulitsa nyama, wofulula mowa ndi wophika buledi. Smith akuti chakudya chathu sitichipeza chifukwa anthu amenewa akutimvera chisoni, koma chifukwa akuona phindu lawo. Zoona! Mayi wa tomato pa Mbare Musika salawirira mbandakucha chifukwa chokukondani inu. Koma taonani bwino: Smith akufotokoza momwe malonda amayendera pakati pa anthu osadziwana. Sakulamula kuti ubere pa sikelo kapena ubise tomato wowola pansi pa mulu. M'buku lomwelo anachenjeza kuti anthu a malonda amodzi akakumana, nthawi zambiri nkhani yawo imathera pa kupangana zokweza mitengo. Ndipo "dzanja losaoneka" lija, ganizo lakuti munthu pofuna phindu lake amathandizanso ena mosadziwa, limene anthu amalitchula ngati ndilo buku lonse, limapezeka kamodzi kokha m'masamba mazanamazana.

Musandimve molakwa. Kufuna phindu kulipo ndipo kuli ndi mphamvu. Amene munali muno mu 2007 mukukumbuka boma litalamula kuti mitengo idulidwe pakati: mashelefu anayera, shuga ndi mafuta ophikira zinathawira kumsika wa kuseri. Palibe wamalonda amene angagulitse pa mtengo wochepera umene anagulira. Chimene ndikukana n'chakuti munthu alibenso china mumtima kupatula phindu.

Ngati mwafika pano, dinani subscribe ndi kabelu kaja, ndipo tumizani vidiyoyi ku gulu lanu la pa WhatsApp. Tipitirize.

Chachinayi, madola 10 aja. Masewerawa anayesedwa koyamba ku Germany ndi katswiri wa zachuma Werner Güth ndi anzake awiri, amene anafalitsa zomwe anapeza mu 1982. Munthu wongoona ndalama yekha akanapereka kochepetsetsa, mnzakeyo n'kulandira, poti kangachepe kaposa kusowa. Si zimene zimachitika. Ambiri amapereka pakati pa madola 4 ndi 5 pa 10 aliwonse, ndipo akapatsidwa ochepera 2, anthu ambiri amakana, kulolera kutaya kuti wadyerayo atayenso. Mu 2001 wofufuza za chikhalidwe cha anthu Joseph Henrich ndi gulu lake anafalitsa zomwe anapeza atayesa masewerawa m'magulu 15 a anthu m'maiko osiyanasiyana, kuphatikizapo midzi ya muno mu Zimbabwe. A Machiguenga a ku Peru, amene banja lililonse limadzidalira lokha, ankapereka pafupifupi gawo limodzi pa anayi. A ku Lamalera ku Indonesia, amene amasaka anamgumi m'magulu, ankapereka kupitirira theka. Kumene moyo umadalira kugwirizana, anthu amagawa mowolowa manja. Makolo athu anali atanena kale kuti kupatsa n'kuika.

Chachisanu, tibwere nazo pakhomo. Chipereganyu, chimene anzathu a Chishona amati mukando. Tinene kuti muli anthu 10, aliyense amasonkha madola 20 pamwezi, thumba ndi madola 200. Wolandira mwezi woyamba watsala ndi ngongole ya madola 180. Akathawa wapindula 180 lero. Nanga bwanji ambiri sathawa? Chifukwa mawa adzakumana nawo ku tchalitchi, ku mjigo, ku sosaite ya maliro, ndipo dzina lake ndilo chikole chake. Ena amangolipira chifukwa analonjeza, ngakhale palibe womuona. Katswiri wa zachuma Amartya Sen, mu 1977, anatcha munthu wongowerengera phindu lake yekha chitsiru chanzeru, chifukwa sangathe kusunga lonjezo likayamba kumuwawa.

Chipereganyu chimagwa m'malo atatu. Mukalandira mlendo wopanda womuimira n'kumuika koyambirira kwa mndandanda. Watsopano azilandira kumapeto. Gulu likamadziwa kuti uno ndi mzere womaliza, amene analandira kale amayamba ulesi, choncho gwirizanani za mzere wotsatira uno usanathe. Ndipo lachitatu, muno mu Harare timalidziwa bwino: ndalama ikamagwa mphamvu, wolandira mwezi wa 10 amalandira zochepa kuposa wa mwezi woyamba ngakhale nambala ili yomweyo. Lembani m'kabuku kuyambira tsiku loyamba kuti mukusonkha madola a America kapena ZiG, ndalama ya muno mu Zimbabwe, chindapusa cha wochedwa ndi zingati, ndiponso kuti wina akamwalira pakati pa mzere ngongole yake ilipiridwa bwanji. Aliyense asaine.

Vidiyo yotsatira tikamba za Elinor Ostrom, mayi woyamba kulandira mphoto ya Nobel pa zachuma mu 2009, ndi chifukwa chake mjigo wina umakonzedwa ukawonongeka pamene wa mumsewu wotsatira umangokhala. Tsopano onani nambala munalemba ija, mundiuze pansipa chifukwa chake munasankha imeneyo.